Malawisaurus pa khoma la sukulu: ojambula amadziwa bwanji maonekedwe a nyama imene palibe anaiona?

Kabulashi: Moni nonse pagulu pano. Ntchito yanga ndi yolemba zikwangwani za magolosale ndi masaluni, nthawi zina mapu a Malawi pa makoma a sukulu. Sabata yathayi ndapatsidwa ntchito pa sukulu ina ya pulayimale kuno ku Kasungu. Akufuna ndijambule dinosaur ya ku Karonga ija pa khoma loyang'ana ku bwalo la asembule. Khomalo ndi mamita 7 mulitali, kupita m'mwamba mamita 3. Ndafufuza pa intaneti koma zithunzi zake sizikufanana. Wina wachipaka chobiriwira, wina chotuwa ngati njovu. Kwa wina khosi laima ngati mlongoti, kwa wina lagona. Ndiye ndati ndifunse: anthu amene amajambula nyama zimenezi amadziwa bwanji, poti palibe anaziona? Ana adzakhala akuyang'ana khoma limeneli m'mawa uliwonse kwa zaka zambiri ndipo sindikufuna kuwanamiza.

Mkanda: Amangopeka amenewo achimwene. Fupa lingakuuzeni mtundu wa khungu? Jambulani chinyama chachikulu, ana asangalale, inu mulandire zanu.

Nabanda wa Biology: Ayi a Mkanda, si kupeka kokhakokha. Kupeka kulipo ndithu, koma kumabwera kumapeto, ndipo wojambula wabwino amadziwa malo enieni pamene wayambira kupeka. Ntchito imeneyi ili ndi dzina lake, amati paleoart. Amayamba ndi mafupa amene apezekadi. Amawayeza limodzilimodzi, n'kujambula chigoba chonse cha mafupa chooneka cham'mbali. Pamene fupa likusowa amabwereka kwa nyama ya mtundu woyandikana nayo imene mafupa ake anapezeka ambiri. Ena amachita bwino kwambiri: mafupa opezeka amawasiya oyera, obwereka amawapaka motuwa, kuti woona adziwe. Akatha pamenepo m'pamene amaika minofu, kenako khungu. A Kabulashi, musayambire pa zithunzi zopakapaka zija. Yambani mwafuna chithunzi cha mafupa okha.

Wabutchala: Pa nkhani ya minofuyo ndilowererepo, chifukwa ndakhala ndi mpeni m'manja zaka zambiri. Fupa si losalala paliponse. Pamene mnofu waukulu unagwira pamakhala pokhakhala, penapake kachitunda, penapake kamzere kotukuka. Mukatenga fupa la mwendo wa ng'ombe mutalisenda bwino, zala zokha zimakuuzani kuti apa panali mtsempha wolimba. Ndiye ndikamva kuti akatswiri amawerenga minofu pa mafupa sindidabwa. Koma pali china chimene chimandivuta. Linunda la ng'ombe zathu zija mulibe fupa m'kati mwake, ndi mnofu ndi mafuta basi. Chikopa cholendewera pakhosi chija chimodzimodzi. Munthu amene sanaonepo ng'ombe mutamupatsa mafupa okha, linunda angalidziwe?

Nabanda wa Biology: Bambo, mwagunda pamutu penipeni pa nkhani. Sangalidziwe. Ndipo vuto limeneli ojambulawo akhala akudzudzulana nalo okhaokha. Kwa zaka zambiri ankajambula ma dinosaur ngati khungu langomatidwa pa mafupa, mabowo a chigaza akuonekera kunja, nthiti zikuwerengeka ngati galu wa njala. Amene anafikapo ku Liwonde n'kuona chigaza cha mvuu amvetsa. Chigazacho n'choopsa, mano otalika otuluka uku ndi uku. Koma mvuu yamoyo ikatseka pakamwa mano onsewo amabisika, mumangoona chimutu chonenepa ndi timakutu. Njovu nayo chitamba chake mulibe fupa. Ku Canada kunapezeka dinosaur yotchedwa Edmontosaurus imene khungu lake linasungika, ndipo mu 2013 analengeza kuti inali ndi kanyama pamutu ngati ka tambala. Mafupa a nyama imeneyo anali atadziwika kwa zaka zambirimbiri popanda woganizira zoti pamutu panali chinthu chotero.

Mkanda: Ndiye mukuvomereza zimene ndanena zija. Ngati linunda sangalidziwe, chithunzicho n'chabodza.

Wabutchala: Bodza ndi pamene munthu akudziwa choona koma n'kunena china. Apa munthu akuyesetsa ndi zimene ali nazo. Koma atati ajambule miyendo isanu pamene mafupa akuonetsa inayi, ameneyo ndiye wanama.

Madala a ku Chilumba: Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Mwana wanga Kabulashi, chinyama chimene ukufuna kujambulacho ndinachiona kangapo ku Cultural and Museum Centre Karonga, nyumba imene inatsegulidwa mu 2004. Ukangolowa umakumana nacho chitaima, chotalika pafupifupi mamita 12. Chimene chaimikidwacho n'choumbidwa potengera mafupa enieni. Mbiri yake ndi iyi. Mzungu wina woona za miyala m'nthawi ya Nyasaland, Frank Dixey, anatola mafupa a nyamayi m'zaka za m'ma 1920. Mu 1928 Sidney Haughton wa ku South Africa anawafotokoza n'kutcha nyamayo Gigantosaurus dixeyi, poganiza kuti ndi mbale wa ina ya ku Tendaguru ku Tanzania. Panapita zaka zambiri. M'ma 1980 mpaka kuchiyambi kwa ma 1990 Louis Jacobs wa ku Southern Methodist University ku Texas anabwera kudzakumba cha ku Mwakasyunguti, m'boma la Karonga, pamodzi ndi a Department of Antiquities, ndipo mu 1993 m'pamene anaipatsa dzina loti Malawisaurus dixeyi. Chimene ndikufuna ana a sukuluwo adziwe n'chakuti amene anafotokoza mafupa amenewa mwatsatanetsatane ndi mayi wa Chimalawi, Dr Elizabeth Gomani Chindebvu. Dzina lawo lisasowe pakhomapo.

Kabulashi: Zikomo kwambiri madala, dzinalo ndilemba ndithu. Ndiye mutu wake unapezeka? Chifukwa pa zithunzi zija mitu ndi imene ikusiyana kwambiri.

Wophunzira Miyala: Ndiyankheko akulu, ndi zimene ndikuphunzira. Apa ndiye tili ndi mwayi. Malawisaurus ili m'gulu la ma titanosaur, ma dinosaur odya masamba a makosi ndi michira yaitali, ndipo ambiri a gulu limeneli amapezeka opanda mutu chifukwa mafupa a chigaza chawo ndi opyapyala, amaphwanyika msanga nyama ikafa. Koma yathuyi zidutswa za mutu zinapezeka: nsagwada ya m'munsi, fupa la kutsogolo kwa mlomo wa m'mwamba, mano, ndi chibade chimene munkakhala ubongo. Zimenezi zikuonetsa mutu waufupi, mphuno yokwera, osati wosongoka ngati wa kavalo. Mu 2019 chibadecho anachiunika ndi makina a CT, ounikira m'kati mwa zinthu ngati a kuchipatala, n'kupanga chithunzi cha ubongo ndi m'kati mwa khutu pa kompyuta. Mbali ina yonse ya chigaza ndi yongodzazidwa poyerekeza ndi abale ake. Komanso dziwani kuti mafupa a ku Mwakasyunguti si a nyama imodzi, ndi a zingapo za misinkhu yosiyana, ndiye woimika chigoba amayenera kukulitsa ena ndi kuchepetsa ena kuti agwirizane. N'chifukwa chake mabuku amasiyana pa kutalika kwake.

Musaisokoneze ndi Karongasaurus gittelmani imene mayi Gomani anaitcha dzina mu 2005. Imeneyo ikudziwika ndi nsagwada ndi mano owonda ngati mapensulo basi. Mukaona chithunzi cha Karongasaurus yathunthu, dziwani kuti pafupifupi thupi lonselo ndi lobwereka.

Achisale a ku Croydon: Ine ndimakhala kufupi ndi Crystal Palace Park kuno ku London, ndipo Lamlungu ndimakonda kupitako ndi ana. Kuli ziboliboli za ma dinosaur zimene anaumba Benjamin Waterhouse Hawkins mothandizidwa ndi katswiri Richard Owen, zinaonetsedwa koyamba mu 1854. Zilipobe mpaka lero pa kachilumba pakati pa dziwe. Iguanodon ya pamenepo yaima ndi miyendo inayi yonenepa ngati chipembere, ndipo pamphuno pali kanyanga. Chinachitika n'chakuti anapeza fupa limodzi losongoka osadziwa malo ake, ndiye analiika pamphuno. Mu 1878 anthu okumba malasha ku Bernissart ku Belgium anapeza zigoba pafupifupi 30 za Iguanodon, zambiri zathunthu, ndipo zinaoneka kuti "nyanga" ija inali chala chachikulu cha kudzanja. Koma taonani izi. Louis Dollo amene anakonza cholakwikacho anaimika nyamayo chilili ngati kangaroo, mchira uli pansi, ndipo anthu anajambula choncho kwa zaka pafupifupi 100. Cha m'ma 1980 David Norman anaonetsa kuti kuti iime motero mchirawo unayenera kuthyoka, msana wake unkakhala chopingasa. Ndikaima pa ziboliboli zija sindiziseka ayi. Hawkins uja anali ndi mafupa ochepa kwambiri ndipo anachita zimene akanatha. Usiku wa pa 31 December 1853 anaitana akatswiri kudzadya chakudya m'kati mwa chikombole cha Iguanodon yomweyo, kusonyeza mmene ankainyadira ntchito yake.

Mkanda: Ndiye ngati analakwitsa kawiri konse, tidziwa bwanji kuti panopa sakulakwitsanso?

Nabanda wa Biology: Mwina akulakwitsabe penapake, ndipo iwo eni amavomereza. Koma onani chimene chinakonza zolakwikazo: mafupa atsopano otuluka m'nthaka. Chithunzi chilichonse chimasonyeza zimene zinkadziwika chaka chimene chinajambulidwa. N'chifukwa chake ndikupempha a Kabulashi kuti alembe chaka pakona ya khomalo.

Chitsanzo cha kuno ku Africa ndi Spinosaurus, dinosaur yaikulu yodya nyama ndi nsomba. Ernst Stromer anaifotokoza mu 1915 kuchokera ku mafupa a ku Egypt, koma mafupawo anaphwanyidwa ndi mabomba ku Munich mu 1944. Kwa zaka zambiri ojambula ankangodalira zojambula ndi zolemba za Stromer. Mu 2014 gulu la Nizar Ibrahim linatulutsa mafupa a ku Morocco oonetsa miyendo ya kumbuyo yaifupi. Mu 2020 anatulutsa mchira wophwatalala ngati nkhafi. Zithunzi zonse zinasintha kawiri pa zaka 6 zokha, ndipo mpaka pano akatswiri akukanganabe ngati inkasambira pansi pa madzi kapena inkangoima m'mphepete kugwira nsomba.

Kabulashi: Tsopano za khosi. Ndiliimike kapena ndiligoneke?

Wophunzira Miyala: Pamenepo palinso mkangano. Mu 1999 Kent Stevens ndi Michael Parrish analumikiza mafupa a khosi a Diplodocus ndi Apatosaurus, ma dinosaur ena a makosi aatali, pa kompyuta n'kupeza kuti amakhala bwino khosi litagona chopingasa. Mu 2009 Mike Taylor, Mathew Wedel ndi Darren Naish anatsutsa. Iwo anayang'ana zithunzi za X-ray za nyama zamoyo n'kuona kuti pafupifupi zonse zikakhala tcheru zimadzutsa khosi kuyambira patsinde, ngakhale kalulu amene timamuona ngati alibe khosi. Ine ndikanakhala inu ndikanalikweza pang'ono chopendekera, osaliimika njo. Koma mchira wokha musaukhwekhwereze pansi. Mapazi a nyama zimenezi anadindika m'miyala malo ambiri padziko, ndipo nthawi zambiri pakati pa mapaziwo sipaoneka mzere wa mchira.

Wabutchala: Za khosizo n'zoona. Nkhuku mukaisosola m'pamene mumaona kuti khosi lake ndi lalitali ndipo ndi lopindika kawiri. Ili ndi nthenga simungadziwe.

Nabanda wa Biology: Ndipo nkhukuyo si chitsanzo wamba. Mbalame ndi zidzukulu za ma dinosaur, ndipo abale ena amoyo oyandikira kwambiri ndi ng'ona. Ojambula akafuna kudziwa za chiwalo chimene sichinasungike amayang'ana mbali ziwirizi. Chimene chikupezeka mwa nkhuku komanso mwa ng'ona, n'kutheka kwambiri kuti dinosaur inalinso nacho. Njira imeneyi anaifotokoza bwino ndi Lawrence Witmer mu 1995. Yemweyo mu 2001 anaonetsa kuti mabowo a mphuno amakhala kutsogolo, kufupi ndi mlomo, osati pamwamba pa mutu monga ankajambulira kale. A Kabulashi, mphuno muziike kutsogolo.

Tiya wa ku Joni: Ndalowa mochedwa, ndinali ku ntchito. Ine ndimajambula pa kompyuta, ndipo ndikufuna ndikupatseni nzeru ya munthu wina wakale. Charles R. Knight wa ku America, amene anabadwa mu 1874 n'kumwalira mu 1953, ndi amene zithunzi zake zili ku American Museum of Natural History ku New York ndi ku Field Museum ku Chicago. Maso ake anali ovuta kuyambira ali mwana, ankajambula nkhope ili pafupi ndi chinsalu. Ankatha masiku ku zoo akujambula nyama zamoyo kuti adziwe mmene thupi limapindikira. Ndipo asanayambe chithunzi chachikulu ankaumba kanyamako ndi dongo n'kukaika panja padzuwa kuti aone pamene mthunzi ukugwera. Achimwene, dongo muli nalo, waya muli naye. Pindani waya motsatira chithunzi cha mafupa, mumate dongo, mukaike pabwalo la sukulu lomwelo nthawi ya m'mawa. Mudzaona nokha mmene mimba imadetsera miyendo ya mbali inayo. Zimenezi simungazipeze pokopera chithunzi cha munthu wina.

Ndipo kukoperako ndi matenda a ntchito imeneyi. Wina akalakwitsa, anthu khumi amakopera cholakwikacho mpaka chimaoneka ngati choona.

Kabulashi: Achemwali, nzeru ya dongoyo ndaikonda kwambiri. Mawa ndikatapa kudambo. Nanga mtundu? Penti ndiyenera kugula Lachisanu.

Nabanda wa Biology: Apa ndiye pamene a Mkanda ali ndi mfundo, koma theka lokha. Pali ma dinosaur ochepa amene mtundu wawo ukudziwika. Ku Liaoning ku China mu 1996 kunapezeka kanyama kotchedwa Sinosauropteryx kali ndi nthenga zake. Mu 2010 akatswiri anaunika nthengazo n'kupeza tizinthu tosaoneka ndi maso totchedwa melanosomes, timene timapereka mtundu ku nthenga ndi tsitsi. Totalika ngati soseji timapereka kuda kapena kutuwa, tozungulira timapereka kufiirira. Anapeza kuti mchira wa kanyamako unali ndi mizere yofiirira ndi yoyera mosinthana. Palinso Psittacosaurus yosungidwa ku Frankfurt imene khungu lake likuonetsa kuti kumsana inali yoderako, kumimba yowala. Wojambula Bob Nicholls anaiumba yathunthu mu 2016 mogwirizana ndi Jakob Vinther, ndipo anakaika zoumbazo m'munda wa zomera ku Bristol kuti aone mmene kuwala kumagwera pathupi pake. Anapeza kuti mtundu wotero umabisa bwino nyama ya m'nkhalango yothithikana.

Koma pa Malawisaurus palibe chotero. Mtundu wake mudzasankha ndinu. Langizo langa ndi loti muyang'ane nyama zazikulu zimene tili nazo, njovu, chipembere, mvuu, ng'ona yokalamba. Zambiri ndi zotuwa kapena zofiirira ngati dothi. Kumsana kuderako, kumimba kuwalako. Mukafuna kukometsera, ikani pang'ono pakhosi kapena kumutu monga gulo wamphongo amachitira, chifukwa mbalame ndi abuluzi zimaona mitundu bwino ndipo zimakopana nayo.

Wophunzira Miyala: Ndiwonjezere za khungu. Mtundu sitikuudziwa koma kapangidwe kake tikukadziwa. Ku Auca Mahuevo ku Argentina mu 1997 anapeza mazira ambirimbiri a ma titanosaur, ena muli tiana ndi zidindo za khungu lawo. Ndi timamba ting'onoting'ono toyandikana ngati mikanda yoyalidwa, tosasanjikizana ngati mamba a chambo. Ndiye musajambule makwinya a njovu, musajambulenso mamba a nsomba. Ma titanosaur ena monga Saltasaurus anali ndi timafupa tomera m'khungu ngati ta pamsana pa ng'ona. Mukaika, ikani towerengeka kumsana.

Mapazinso ambiri amalakwitsa. Amajambula mapazi a njovu okhala ndi zikhadabo zozungulira. Phazi la kutsogolo la nyama zimenezi linali ngati mzati, mafupa ataima mozungulira, kumbuyo kuli kolowa, chidindo chake chimaoneka ngati kachigawo ka mwezi. La kumbuyo ndi limene linali lalikulu, lokhala ndi zikhadabo zitatu zopindikira kunja.

Kabulashi: Ndikulemba zonsezi m'kope. Koma ndikuuzeni chimene chandipweteka lero. Ndinaonetsa kachithunzi kanga koyamba kwa a komiti. Mmodzi wati sichikuopsa, ndiike mano akuluakulu, chiime ndi miyendo iwiri ngati za m'mafilimu, apo ayi ntchitoyo apatsa wina. Ndayesa kufotokoza kuti chinkadya masamba koma sanandimvere. Ndalama ndikuifuna, ana anga akudikira fizi, koma mtima wanga sukulola.

Madala a ku Chilumba: Usagonje mwana wanga, koma usakangane nawonso. Chimene akufunacho ndi Tyrannosaurus, ndipo imeneyo inkakhala ku North America, kuno sinapondeko. Uwafunse mwaulemu: kodi pa mapu a Malawi amene ndinakujambulirani mungalole ndiikepo mtsinje wa Mississippi? Akaganiza amvetsa. Upite ndi a hedi, usapite wekha.

Mayi a Tadala: Ine ndine kholo chabe, za mafupa sindizidziwa. Koma mwana wanga wa Sitandade 5 atabwera ku ulendo wa sukulu wa ku Karonga anakhala sabata yathunthu akujambula chinyamacho m'makope onse, mpaka pa dothi pakhonde. Sanadandaule kuti chilibe mano oopsa. Chimene chinamugwira mtima n'chakuti dzina lake muli Malawi. Akomitiwo akuganizira zimene iwo amaonera pa vidiyo, osati zimene ana amakonda.

Wophunzira Miyala: Ngati akufuna choluma, chilipo cha kwathu komwe. Ku miyala yomweyo ya ku Karonga kunapezeka mano a ma dinosaur odya nyama, ngakhale thupi lake silinapezeke lokwanira kulitcha dzina. Mutha kuika kamodzi patali, m'mitengo, kosaoneka bwino, ndipo kumeneko kudzakhala kunena zoona chifukwa nafenso sitikukaona bwino. Ndipo musaiwale Malawisuchus mwakasyungutiensis imene mayi Gomani anaifotokoza mu 1997. Ndi kambale ka ng'ona kotalika pafupifupi masentimita 60, ka mutu waufupi, koyenda kumtunda miyendo itaima pansi pa thupi, ndipo mano ake a m'mbali ndi a timitu tingapo ngati a nyama zoyamwitsa. Kunapezekanso kamba ndi achule. Muike kang'onako pafupi ndi phazi la chachikulucho, ana adzakakonda.

Nabanda wa Biology: Kumbuyo kwa chithunzi nakonso ndi sayansi. Nyamayi inakhalako zaka zoposa 100 miliyoni zapitazo. Nthawi imeneyo nyanja ya Malawi kunalibe, inabwera pambuyo kwambiri chigwa chitang'ambika. Madambo a udzu ngati a lero kunalibenso, ndipo zomera za maluwa zinali zikungoyamba kumene. Choncho musaike mlambe, mango kapena kapinga. Ikani mtsinje wa mchenga, mitengo ya gulu la mkungudza, ma fern pansi (zomera zopanda maluwa za masamba ooneka ngati nthenga), ndi ma cycad, zomera zooneka ngati kanjedza wamfupi zimene mtundu wake wina umamerabe ku Mulanje. Ndipo chonde musaike munthu wa mkondo akuchisaka. Ma dinosaur aakulu anatha zaka 66 miliyoni zapitazo, pamene nsagwada ya munthu wakale imene inapezeka ku Uraha, ku Karonga komweko, mu 1991 ili ndi zaka pafupifupi 2.5 miliyoni zokha. Anthu amasokoneza chifukwa zonse amazionetsa m'nyumba imodzi ya museum ya ku Karonga ija.

Mkanda: Chabwino, ndamva. Za mafupa, khungu ndi mapazi ndavomera, sindinkadziwa kuti pali umboni wochuluka chotero. Koma ndikuumirirabe pa chimodzi. Mwana akaona khoma sadzasiyanitsa kuti ichi n'chodziwika, ichi n'chosankha wojambula. Kwa iye zonse zidzakhala zoona mofanana. Ndipo masiku ano bwanji osangouza AI kuti ijambule, n'kukopera?

Tiya wa ku Joni: A Mkanda, za AI ndayesapo ndekha. Imatenga zithunzi zonse zimene inaona, zolondola ndi zolakwika, n'kuzisakaniza. Inandipatsa chinyama cha mapazi a njovu, mano a ng'ona, chitaima pa kapinga. Simungaifunse kuti fupa ili walitenga kuti. Wojambula weniweni amatumiza chithunzi kwa katswiri, katswiri amachibweza atachilemba ndi inki yofiira kuti phewa latsika, diso lakula, amakonza, amatumizanso, mwina kasanu. Ine chaka chatha kampani ina inandipempha zithunzi zoyeserera za buku la ana, ndinagwira masabata awiri, kenako anangoti zikomo tapeza njira yotchipa. Sanandilipire kalikonse. Buku litatuluka ndinaona nyama za zala zisanu ndi chimodzi. Zinandiwawa chifukwa cha ndalama, koma kwambiri chifukwa ana akuphunzira zimenezo.

Koma mfundo yanu yoyambayo ndi yoona ndipo ili ndi yankho. Achimwene a Kabulashi, pakona ya m'munsi jambulani kachigoba ka mafupa kakang'ono, koyera pa penti yakuda. Pambali pake mulembe mizere iwiri: kuti mafupa anapezeka ku Karonga, ndipo mtundu wa khungu ndi maganizo a wojambula. Mphunzitsi aliyense adzakhala ndi poyambira phunziro.

Mkanda: Zikatero ndiye ndilibenso mawu.

Achisale a ku Croydon: A Kabulashi, ngati thiransipoti ya ku Karonga ikuvuta, ndilembereni kumbali. Ndikufuna mukachione ndi maso anu musanayambe kupaka. Chithunzi cha pafoni sichionetsa kutambalala kwa nthiti ndi chiuno, ndipo ma titanosaur anali otambalala kwambiri, miyendo yake inkaponda motalikirana.

Kabulashi: Abale anga, ndabwerako kwa a komiti. Ndinapita ndi a hedi monga ananenera madala, ndipo ndinanyamula kachinyama kadongo kaja m'katoni. Nditakaika patebulo onse anaimirira kudzakazungulira. Bambo aja anafunsa kuti mano ali kuti, ndinawaonetsa chithunzi cha nsagwada pafoni, ndipo a hedi anawauza za mayi Gomani. Sanavomere ndi mawu koma sanakanenso, anangoti kachilombo kodya nyama kaja kasasowe m'mitengomo. Ntchito yakhala yanga.

Ndawerengera motere: chinyamacho ndi mamita 12, khoma ndi 7, ndiye ndichepetsa ndi theka chikhale mamita 6, kutsale theka la mita mbali iliyonse. Kang'ona kaja kakhala masentimita 30. Ndalemba kale mabokosi a choko pakhoma, lililonse theka la mita. Achisale, zikomo, ndalandira, ndikwera basi ya Loweruka m'mawa ndipo tepi yoyezera ili kale m'chikwama. Wophunzira Miyala, nditumizireni chithunzi cha phazi la kutsogolo chooneka cha kumbuyo, pa dongo paja ndi pokhapo pamene pakundikanika.

Wophunzira Miyala: Ndatumiza ku inbox, zithunzi ziwiri. Mukafika ku Karonga mugwade pansi mulijambule nokha kuchokera kumbuyo, ndipo muyeze mpata wa pakati pa mapazi awiri a kutsogolo.